Azole pa Puleti ya Bambo

Wusakile, Kitwe
17 Juni 2023

Wokondedwa mwana wanga Ndaona,

Ndikupatsa moni m'dzina la Ambuye. Uli bwanji ku Jeremani uko? Ife kuno tilipo, kungoti tilipo basi.

Ndalemba kalata chifukwa foni ija sinditha nayo. Ukuwadziwa makutu angawa. Ukamayankhula ndimangoona milomo ikugwedezeka pagalasi, ine n'kumangoti "eya, eya" osamva kanthu. Mlongo wako Morton wati azibwera Loweruka lililonse kuchokera ku Ndola, azijambula kalata yanga pa foni n'kukutumizira. Yako azikasindikiza ku msika wa Masala konko n'kundibweretsera. Choncho usalembemo miseche ya iye, aziwerenga.

Bambo ako tinawaika Lachiwiri pa 6. Anthu anabwera ambiri, a mpingo, amvano, ndi madala otsala a shafiti yawo ya ku mgodi, onse akutsokomola mofanana. Abusa analalikira m'Chibemba, nyimbo tinaimba zathu. Ndinaona Morton atakweza foni m'mwamba kuti uone nawo. Kaya unaona chiyani, mwina mitu ya anthu yokha. Amene anafunsa za iwe ndinawauza kuti pasipoti yako ili ku ofesi ya boma la kumeneko, ndipo ukanatuluka sakanakulola kubwerera. Ena anamva, ena anangopotoza milomo. Pakamwa ndi pawo.

Ine sindinalire kwenikweni. Amvano ankandiyang'ana, ndinayesa, palibe chinatuluka. Ndimadzuka, ndimasesa, ndimapatsa nkhuku madeya. Makapu ndimatulutsa awiri, ina n'kubweza m'kabati.

Tinawagoneka pafupi ndi Ethan, mlongo wako uja sunamuone, monga anapempha. China chimene anapempha ndi puleti. Ukuikumbukira puleti ya mkuwa imene a ku mgodi anawapatsa popuma ntchito, yolembedwa dzina lawo ndi zaka 31 zimene anagwira pansi? Ikadali padenga la khola la nkhuku kuseri kuno, pamene anaiika okha. Anati chiliza chikadzamangidwa, dzina lawo lisadzakhale pa mwala wogula ayi, ikhale puleti imeneyo. Anati, "Mkuwa ndaukumba moyo wonse, nawonso undilondere manda." Tidikira dothi litsike kaye, chaka chamawa.

Undilembere. Ukudya chiyani, ntchito yako ya mankhwala ikuyenda bwanji, kumeneko kuli nyengo yanji. Lemba chilichonse.

Ndine mayi wako,
Gwen Nangozo

*

Leipzig
9 Julaye 2023

Okondedwa Amayi,

Moni. Kalata yanu ndalandira. Ine ndili bwino. Kuno kukutentha ndipo dzuwa likulowa mochedwa. Ntchito ikuyenda. Pasipoti yatuluka sabata yatha.

Mupereke moni kwa achimwene ndi alamu.

Ndine mwana wanu,
Ndaona

*

Mushili, Ndola
2 Sepitembala 2023

Iwe Ndaona,

Moni ndikupatsa chifukwa amayi anatilera bwino, apo ayi ndikanayamba ndi zina. Muli shani kumeneko, ba dokota?

Kalata yako ija ndinakasindikiza ku Masala. Mayi wa pa makina anandifunsa ngati pepala latuluka lonse. Ndinati latuluka lonse mukwai, ndi mmene amalembera anthu ophunzira. Ndinakwera nayo minibasi mpaka ku Kitwe, mizere inayi. Amayi anavala magalasi, anawerenga, kenaka anatembenuza pepala kuti aone ngati kumbuyo kuli zina. Anaipinda n'kuiika m'Baibulo. Kuchokera pamenepo akulembera kawiri, iwe zii.

Ine za maphunziro ako sindizidziwa. Ndine wowotcherera zitsulo fye basi, mageti ndi mafelemu a mawindo. Chimene ndikudziwa n'chakuti bambo ankayenda Wusakile yonse kuuza anthu kuti mwana wawo akuphunzira timphete ta nayitirojeni, eni ake osadziwa n'komwe kuti n'chiyani. Anakufunsa kangati pa foni kuti uwafotokozere? Iwe unkati, "Ndidzakuuzani ndikabwera, n'zazitali." Awe, zinatalikadi.

Ndakwiya, ndisakubisire. Za pasipoti ndinamva ndipo ndinakuteteza pamaliro, mpaka ndinatsala pang'ono kumenyana ndi munthu pafupi ndi bokosi. Koma pasipoti sigwira cholembera. Bokosi ndinanyamula ndine, dothi ndinaponya kawiri, langa ndi lako, ndiye usandiuze kuti kumeneko dzuwa likulowa mochedwa.

Sindikufuna kanthu kwa iwe. Za chiliza ndithana nazo ndekha. Ndikungopempha kuti uziwalembera amayi pepala lodzaza, olo uname. Akuonda. Ndikafika ndimawapeza pakhonde lakuseri atangokhala, maso ali pa khola la nkhuku, wailesi osayatsa.

Ine usavutike kundiyankha. Yankha amayi.

Morton

*

Wusakile, Kitwe
20 Januwale 2024

Wokondedwa Ndaona,

Moni wa chaka chatsopano. Khadi lako la Khirisimasi linafika, zikomo. Mawu osindikizidwa kale anali ambiri kuposa ako, koma dzanja lako ndinalizindikira pa dzina.

Kuno mvula chaka chino ikuchita manyazi, chimanga cha kuseri chapota masamba. Ine ndilipo. Miyendo imatupa madzulo, m'mawa n'kuphwa.

Ndalembera za chiliza. Tinakhala pansi ndi akulu a mpingo ndipo tagwirizana kuti tidzavundukule Loweruka pa 24 Ogasiti, kuzizira kutachepa. Morton aumba yekha ndi simenti. Akuti mwala wa m'sitolo ndi wa anthu opanda manja, ukumudziwa mlongo wako.

Lero wakwera pakhola n'kutsitsa puleti ija kuti ayeze kukula kwake. Waijambula, uiona m'munsi mwa kalatayi. Usadabwe nayo. Zaka 12 yakhala padenga, mvula, dzuwa, utsi wa senta uja wa ku ng'anjo za mgodi unkatitsokomoletsa, ndi nkhunda za aneba pamwamba pake. Yabiriwira yonse, m'mbali mwada bii. Dzina la BOAZ KACHINGWE umalipeza bwino ndi chala, osati ndi maso a patali. Yafanana ndi kapuleti ka pamanda a Ethan, kamene bambo ako anadula okha mu 1989.

Morton akuti bambo ako anaiponya padenga ndi mkwiyo, chifukwa anawapumitsa ntchito chifuwa chitayamba n'kuwatsanzika ndi kachitsulo. Iye nthawi imeneyo anali kale ku Ndola, iwe unali ku sukulu yogonera konko. Ine ndangomuonetsa waya umene anamangira ngodya zonse zinayi.

Kodi ubwera? Pasipoti unati inatuluka. Sindikukukakamiza, ndikungofuna kudziwa ngati ndikonze chipinda chako, chifukwa panopa mwadzaza matumba a makala.

Ndine mayi wako,
Gwen Nangozo

*

Leipzig
4 Febuluwale 2024

Okondedwa Amayi,

Moni Amayi. Miyendo muziikweza pa mpando mukakhala pansi.

Chithunzi cha puleti ndachiona. Ndinachikulitsa pa kompyuta ya kuntchito ndipo ndakhala ndikuchiyang'ana masabata awiri. Amayi, dzina la bambo silingapite kumanda lili chonchi. Manyazi andigwira, chifukwa ntchito yanga ndi yomweyi, yoteteza mkuwa kuti usachite dzimbiri, koma patchuthi ndinkadutsa pakhola limenelo osakweza maso.

Bambo ankandifunsa kuti ndimaphunzira chiyani. Sindinawayankhe. Ndikuyankhani inu. Muwerenge pang'onopang'ono, mukatopa mudumphe.

Chinthu chilichonse chimapangidwa ndi tinthu tating'ono kwambiri totchedwa maatomu. M'mankhwala ena maatomu amagwirana manja n'kupanga mphete, ngati mmene amvano mumaimira mozungulira poimba. Mphete zambiri zimakhala za kaboni yekhayekha, ndipo kaboni ndi amene ali m'makala anu aja. Koma zilipo mphete zina za maatomu asanu, zimene pakati pa kaboni pamalowa mlendo wotchedwa nayitirojeni, kawirikawiri ali ndi mlendo mnzake. Mphete yotereyi timaitcha azole. Dzinali lili ndi mbali ziwiri. Mbali yoyamba ikuchokera ku dzina lakale la nayitirojeni, azote, kutanthauza chopanda moyo, chifukwa akale anaona kuti mu mpweya umenewu kandulo imazima ndipo mbewa imafa. Mbali yomaliza imangotiuza kuti mphete ndi ya asanu. Basi. Ndi zimene ndinkati n'zazitali zija. Sizinadzaze ngakhale theka la tsamba.

Nayitirojeni ndiye wochuluka mu mpweya umene tikupumawu. Amalowa m'chifuwa n'kutuluka mmene analowera, sawotcha, sadyetsa thupi, sapweteka. Kuyambira mu Juni ine ndili chomwecho, Amayi. Ndimapita kuntchito, ndimadya, anzanga akaseka ndimaseka nawo, koma palibe chikundigwira. Achimwene akuganiza kuti ndi kunyada. Ndinkatenga pepala n'kupeza kuti mulibe chilichonse mwa ine choti ndilembe.

Komabe nayitirojeni yemweyu akalowa m'mphete amasintha, amakhala ndi dzanja logwira. Maazole alipo ambiri. Ena ndi mankhwala a kuchipatala, a zipere ndi a zilonda zoyera za m'kamwa. Amene ndimagwira naye ntchito ine dzina lake ndi benzotirayazole, ali ndi nayitirojeni atatu m'mphete mwake. Ameneyu amakonda mkuwa. Akaukhudza amaugwira n'kuyala kachikopa kopyapyala kosaoneka ndi maso, ndiye madzi ndi utsi sizifikanso pa mkuwawo. Umakhala wowala zaka ndi zaka.

Ndatumiza kabotolo ka ufa woyera pa adiresi ya ku Mushili. Achimwene, poti mukuwerenga, mverani. Mutsuke puleti ndi madzi a mandimu osakaniza ndi mchere, ndi nsalu yofewa. Musagwiritse sandipepa kapena waya wokwechera mapoto, mufafaniza zilembo. Zobiriwira zikatha mutsukuluze ndi madzi ambiri n'kuumitsa. Musungunule masipuni awiri a ufawo mu lita imodzi ya sipiriti, mumize puleti tsiku lathunthu. Muvale magolovesi, muchitire panja, ufa usalowe m'maso. Ikauma mupake vanishi wopanda mtundu, mopyapyala. Kuchokera pamenepo musaigwirenso ndi manja amafuta anu aja.

Ichi chokha ndi chimene ndingawachitire bambo, Amayi. Mundilole.

Za kubwera ndikuuzani ndikaona za kuntchito.

Ndine mwana wanu,
Ndaona

*

Wusakile, Kitwe
2 Malichi 2024

Mwana wanga Ndaona,

Moni. Miyendo ndikukweza, nkhuku zikundidabwa.

Kalata yako Morton anabwera nayo mapepala awiri, odzaza mpaka pansi. Anaiika patebulo n'kuti, "Mwana wanu wayankhula." Ndaiwerenga katatu. Za maatomu ndagwirapo pang'ono: asanu agwirana manja, wina mwa iwo mlendo. Ife chichokereni makolo athu ku Ntcheu takhala alendo otere kuno ku migodi, ndiye pamenepo sipanandivute.

Lamulungu titatuluka m'tchalitchi ndinapita nayo kumanda n'kuwawerengera bambo ako mokweza. Dzina lalitali lija linandipunthwitsa, ndinangoti azole. Yankho lawo alandira tsopano.

Za kutsuka puleti, ndinatenga cholembera kuti ndikuuze chinthu china, koma ndachisiya. Chita monga ukudziwira, ndi bambo ako nawenso. Ungondilemberanso kalata ina yotere.

Ndine mayi wako,
Gwen Nangozo

*

Mushili, Ndola
25 Ogasiti 2024

Ndaona mlongo wanga,

Moni. Tonse tili bwino, mlamu wako Bupe akupereka moni.

Chipewa ndakuvulira. Kabotolo kako kanafika mu Meyi, katagona miyezi itatu m'njira. Ndinachita zonse monga unalembera, olo za manja amafuta ndinaziona, tidzakambirana. Mandimu anatha 14. Zobiriwira zinachoka masana amodzi ndipo dzina la bambo linatuluka lonse, chilembo ndi chilembo, mpaka kanyundo kojambulidwa m'munsi kamene sitinkadziwa kuti kalipo. Bupe anadziyang'anirapo pomanga duku. Ndinaisiya pakhonde miyezi iwiri dala kuti ndiuyese mankhwala ako, fumbi, mame, osachita kadontho ngakhale kamodzi.

Dzulo tavundukula chiliza. Mwambo unayamba 10 hours, dzuwa lili bwino. Abusa atachotsa nsalu, anthu a kutsogolo anachita kutsinzina. Manda onse aja, kuchokera kumsewu umaona pa bambo pokha pakuthwanima. Ine mtima unadzaza, ndinati lero a Kachingwe aoneka. Mdala mmodzi wa shafiti yawo anandikokera pambali n'kundinong'oneza m'Chibemba kuti chawala kwambiri ichi, mwana wanga. Ndinamuuza kuti mabawuti anayi ndawazika mu simenti, mitu yake ndawotcherera ndekha, wofuna kuba abwere ndi kireni. Anangoti chabwino mukwai, n'kutsokomola.

Amayi anapukuta puleti ndi nsonga ya chitenje, kenaka anayang'ana kumsewu kwa kanthawi. Mpando wako tinaika pafupi ndi wawo, panakhala chikwama. Uthenga wako woti ntchito yakupanikiza ndinawauza Lachinayi. Anati, "Watumiza azole wake, ndi yemweyo." Sindikudziwa ngati ankaseka.

Zithunzi ndatumiza. Mawu ena aja ndinalemba chaka chatha anali aukali, koma sindibweza onse.

Mlongo wako,
Morton

*

Wusakile, Kitwe
7 Sepitembala 2024

Ndaona,

Moni. Ndikulemba ndili kwa amayi. Puleti yabedwa.

Amayi anapita Lachitatu m'mawa kukathirira maluwa, n'kupeza mabowo anayi. Anaswa simenti ndi nyundo ndi tchizulo. Mabawuti anga sanathyoke, anangopita nawo limodzi. Yakhala pachiliza masiku 11 okha. Kapuleti ka Ethan kali phazi limodzi kuchokera pamenepo, kogwidwa ndi misomali iwiri yokha, sanakakhudze.

Amayi anathirira maluwa, anabwerera kunyumba, anaphika tiyi. Sanauze munthu mpaka ndafika lero. Ndawafunsa chifukwa chake, akuti, "Ukanamva Lachitatu ikanabwerera?"

Kupolisi ndapita, alemba m'buku. Kuyambira Lolemba ndiyamba kuzungulira m'mayadi ogula sikirapu, Kitwe ndi Ndola, isanalowe m'ng'anjo. Pachiliza ndalemba dzina la bambo ndi penti wakuda amene anatsala pa geti la munthu. Dzanja langa pa zilembo ukulidziwa.

Sindikukuimba mlandu. Mdala uja anandiuza, ine ndinadalira mabawuti. Ndimayesa ndikwiya koma sindikupeza woti ndimukwiyire, ndangotopa.

Morton

*

Wusakile, Kitwe
14 Disembala 2024

Wokondedwa mwana wanga Ndaona,

Ndikupatsa moni m'dzina la Ambuye. Miyezi itatu yatha popanda kalata yako, ndipo sindikudabwa. Ndikudziwa kuti wakhala pansi kumeneko n'kudziweruza wekha. Dzuka. Mlandu waukulu ndi wanga, ndikuuza m'munsimu.

Choyamba, puleti inapezeka. Morton anayenda m'mayadi a sikirapu masabata asanu ndi limodzi, ntchito yake itaima. Anaipeza pa mulu wa mawaya ndi mapaipi, zonse zakuda, iyo yokha ikuwala. Azole wako ndi amene anaionetsa kwa akuba, ndi yemweyonso anaionetsa kwa Morton. Mmene anaitengera sanandiuze, anangofika chala chili m'bandeji. Anali ataipinda pakati, ndipo ngodya yolembedwa zaka 31 ija anali ataidula kale, imeneyo yapita. Dzina lilipo lonse. Morton waiwongola koma mzera wopindira ukuoneka.

Tsopano tamvera. Tsiku limene bambo ako anapatsidwa puleti ija, mu 2011, anabwera nayo itakulungidwa m'nsalu, ikuwala monga unaionera pazithunzi. Anaipachika pakhoma tsiku limodzi lokha. M'mawa mwake ndikuona munthu ali pamwamba pa khola ndi waya. Ndinati kodi mwapenga? Anati, "Nangozo, kuno mkuwa wowala sukhala panja. Ka Ethan kakhalitsa chifukwa kanada. Iyi ndikufuna ikafike pamanda anga itakalamba kale, wakuba aziiona ngati chitini." Panalibe mkwiyo uliwonse. Chaka ndi chaka mvula ikatha ankakwera kukaiyendera, potsika n'kumati, "Ikupsa." Zaka 12 anaikonzera, ife tinatsuka ndi mandimu masana amodzi.

Zonsezi ndinkazidziwa pamene unalemba za azole. Cholembera ndinachigwira, ndinakuuza. Koma miyezi yonse ija ndinali ndi mizere inayi m'Baibulo, kenaka kukubwera mapepala awiri, mwana wanga akuyankhula. Ndinaopa kuti ndikati usatsuke, utsekanso pakamwa, mwina osatsegulanso. Ndinasankha iwe, puleti ndinaisiya. Bambo ako ndawauza kale kumanda, zotsala tikakambirana ndikafika. Kaya ndinalakwa kaya ayi, sindikudziwa. Ndikafufuza mumtima sindipezamo chisoni kapena mkwiyo, mwangoti zii.

Puleti taibwezera padenga la khola, ndi waya womwe uja. Kuseri kuno sikuoneka kumsewu. Mvula chaka chino yabwera, yagwa kale kasanu ndi kawiri. Ikakata ndimakasuzumira pawindo la chipinda chako, nditapanikizika pakati pa matumba a makala. Madzi amangotsetsereka, iyo ikuwalabe ngati yatsukidwa dzulo. Mankhwala ako ndi amphamvu, unaphunziradi.

Tsono ndiuze, poti wodziwa ndiwe. Azole ameneyu amagwira zaka zingati? Ndipo akadzasiya, mvula idzafuna zaka zina zingati kuti ibiriwirenso? Ndili ndi zaka 67 ndi miyendo iyi, ndipo penti wa Morton wayamba kale kusuluka. Ndikufuna ndidziwe ngati dzina la bambo ako ndidzalionanso pamanda ndi maso anga, kapena ndimuuziretu Morton kuti adzaike ine nditagona kale pambali pawo.

Ndine mayi wako,
Gwen Nangozo

*

Leipzig
16 Disembala 2024

Amayi,

Moni. Kalata yanu ndawerenga kamodzi, kachiwiri ndalephera.

Funso lanu yankho lake ndi ili. Mukaisiya chonchi, ndi vanishi uja, zaka zisanu kapena kupitirira. Kenaka mvula zaka zina khumi. Musadikire.

Mankhwala ochotsera alipo, ndipo ilipo njira yobiriwitsa mkuwa m'masabata ochepa. Ndinayamba kuwalembera achimwene ndondomeko yake, nditafika pachitatu ndang'amba pepala. Ndinatumiza botolo m'malo mwanga kamodzi, zakwana.

Mu Ogasiti ntchito sinandipanikize, Amayi. Tchuthi anandipatsa. Ndinaopa kuona manda, chifukwa ndikapanda kuwaona, bambo amakhala ngati angochedwa kuyankha foni.

Ndifika ku Ndola Lachisanu pa 10 Januwale, 14 hours. Achimwene adzandichingamire, ndipo puleti asaikhudze. Ndinaiveka ndine chikopa chimenecho, ndidzachichotsa ndi manja anga, n'kuidetsa mpaka wakuba aziiona ngati chitini. Sidzafanana ndi ya bambo ya zaka 12 ija, wodziwa adzazindikira. Koma dzina lidzabwerera pamanda inu mukuona, ndipo ine ndidzakhala nditaima pomwepo.

Lero ndalira kuntchito, pamaso pa anthu, magolovesi ali m'manja. Ndi koyamba.

Makala aja muwatulutse m'chipinda.

Ndine mwana wanu,
Ndaona